FILIMU YOTOLEDWA M'NKHALANGO

MU Januwale 1999, anthu amene anasonkhana ku Park City, m'dziko la America, kudzaonera mafilimu atsopano pa cionetsero ca Sundance, anagawiridwa timapepala tokhala ndi nkhope za acinyamata atatu, mtsikana mmodzi ndi anyamata awiri. Timapepalato tinanena kuti anthu amenewa anasowa, ndipo ali yense wodziwa mbiri yao anapemphedwa kuti aulule. Maina ao anali Heather Donahue, Michael Williams ndi Joshua Leonard.

Nkhani yace inali yakuti atatuwo, pokhala ophunzira nchito yojambula mafilimu, analowa m'nkhalango ya ku Maryland mu Okutobala 1994 kukafufuza mbiri ya mfiti ina, ndipo sanabwerenso. Patapita caka cathunthu makamera ndi matepi ao anapezeka, ndipo zimene zinali pa matepiwo ndizo zimene anthu anali kudzaonetsedwa.

Mainawo anali eni-eni ndithu, nkhopezo zinalinso zao. Koma palibe munthu amene anasowa, mfiti kunalibe, ndipo atatuwo anali amoyo, olembedwa nchito yocita sewero. Filimu imeneyi, yochedwa The Blair Witch Project, ndiyo inachukitsa mtundu wa mafilimu oopsya umene m'Cingerezi amauchula kuti found footage, kutanthauza zithunzi zotoledwa. Filimu yotere imakana kuti inapangidwa. Imadzionetsa monga katundu wosiyidwa ndi akufa, amene wina anangomutola pansi.

MPANDA WA NTHANO

Agogo akamayamba nthano madzulo pamoto amati "Panangokhala," ana nayankha kuti "Tiri tonse." Mau amenewa ali ngati mpanda. Mwana amamva za fisi wolankhula kapena za cirombo comeza mudzi wonse, nanjenjemera, komabe mumtima amadziwa kuti cirombo ciri kuseri kwa mpandawo, ndipo nthano ikatha adzapita kukagona. Filimu wamba nayonso iri ndi mpanda wace. Poyamba pamalembedwa maina a anthu amene anaipanga. Nyimbo zimacenjeza woonera kuti coopsya cayandikira. Zithunzi zimawala bwino, ndipo kamera imaima pamalo pamene munthu sangaime, nthawi zina pamwamba pa denga, nthawi zina kutsogolo kwa munthu amene ali kuthawa.

Opanga mafilimu otoledwa amagwetsa mpanda umenewu mwadala. Kamera amaipereka m'manja mwa mmodzi wa anthu a m'nkhaniyo. Iye akathamanga, cithunzi cimagwedezeka. Akagwa, woonera amaona udzu ndi dothi. Akafa, filimu imathera pomwepo, popanda wina wofotokoza cimene cacitika. Nyimbo mulibe. Motero woonera amaleka kukhala womvera nthano, nasanduka ngati mbale wa wosowayo amene apolisi amuitana kuti adzaone umboni.

MASIKU 8 M'CHIRE

Eni ace a nzeru ya Blair Witch anali Daniel Myrick ndi Eduardo Sánchez, amene anadziwana ali pa sukulu ya University of Central Florida. Analibe ndalama zopangira cirombo ca mano ndi nyanga, cotero umphawi wao womwewo anausandutsa cida. Sanalembe mau oti ocita sewero aloweze pamtima. Analemba ndondomeko ya nkhani pa masamba 35 okha, ndipo zolankhula zonse anazisiyira atatu aja kuti azidzipezera okha.

Mu Okutobala 1997 anawatengera ku nkhalango ya Seneca Creek State Park, ku Maryland komweko. Anawaphunzitsa kugwira makamera awiri, anawapatsa tenti ndi kacida ka GPS kolozera njira, nawasiya. Tsiku liri lonse atatuwo anali kupeza bokosi lobisidwa m'chire, momwe munali timakalata, ali yense kace, komuuza zoti acite tsiku limenelo, ndipo sanali kuloledwa kuonetsa anzace. Cakudya cinali kucepetsedwa pang'ono-pang'ono kuti njala iwakwiyitse. Usiku opanga filimuwo anali kubwera mozemba, nathyola nthambi mumdima, naliza tepi ya mau a ana, mpaka usiku wina anagwira tenti ndi kuigwedeza. Ocita sewerowo anadziwa bwino lomwe kuti ali pa nchito, koma kutopa, kuzizidwa ndi kukangana kumene kumaoneka pa nkhope zao sikunali konamizira konse.

Nchitoyi inatenga masiku 8. Anabwerako ndi zithunzi za maola pafupifupi 20, zimene zinadulidwa kufikira zitatsala za mphindi 80 ndi pang'ono.

Nkhani ya m'filimuyo njaifupi. Atatuwo ayamba afunsa anthu a m'mudzi wa Burkittsville za mfitiyo, namva za munthu wina wakale amene anapha ana m'nyumba yace ya m'nkhalango, ndipo popha mmodzi anali kuimika wina pangodya atayang'ana kukhoma. Kenaka alowa m'nkhalango, mapu atayika, ndipo ayenda tsiku lonse kulinga kummwera, nadzapezeka madzulo ali pa cipika comwe cija cimene anaolokerapo mtsinje. Mmawa wina apeza milu itatu ya miyala yaunjikidwa pafupi ndi tenti yao. Kwina apeza tizidole ta timitengo tomangidwa ndi luzi tiri lende-lende m'mitengo. Joshua asowa, usiku mau ace amveka patali ali kukuwa, mmawa pakhomo pa tenti papezeka kamtolo ka timitengo, ndipo mkati mwace muli mano ndi magazi. Pomariza awiri otsalawo alowa m'nyumba yabwinja, ndipo cithunzi cotsiriza cionetsa Michael ataima pangodya, atayang'ana kukhoma, kamera nigwa pansi.

Mfitiyo sioneka ngakhale kamodzi. Pamenepa ndi pamene pagona mphamvu ya filimuyi, ngakhale kuti anthu ambiri anaturuka m'nyumba za sinema ali okwiya, nanena kuti alipira ndalama kudzaonera mitengo ndi mdima. Cirombo cooneka ndi maso munthu amaciyesa kukula kwace, ndipo mantha amacepa. Koma ali yense amene dzuwa linamulowerapo ali m'chire, njira itamusokonekera, adziwa kuti nthambi imodzi yothyoka kumbuyo kwace iposa mkango umene ali kuuona.

BODZA LITURUKA PANJA

Cikhala kuti bodzalo linathera m'filimu momwemo, sipakanakhala nkhani yaikuru. Koma eni ace analiturutsira panja. Anaika pa intaneti zikalata zopeka za apolisi, zithunzi za galimoto la osowawo ndiponso mau a anthu odzicha abale ao. Pa wailesi ya kanema panaonetsedwa pologalamu yonga ya atolankhani, yofotokoza mbiri ya mfitiyo monga ngati inacitikadi. Kampani ya Artisan Entertainment, imene inagula filimuyo pa mtengo wa madola 1.1 miliyoni, inauza atatu aja kuti asaonekere poyera. Pa mndandanda wochuka wa ocita mafilimu wa IMDb panalembedwa kuti anasowa ndipo aganiziridwa kuti anafa. Amai ace a Heather Donahue analandira makalata opepesa maliro a mwana wao amene anali wamoyo.

Masiku amenewo intaneti inali yacilendo m'nyumba zambiri, ndipo anthu anali asanazolowere kukayika zimene awerenga pamenepo. Filimu imene kuijambula kwace sikunapose madola 60,000 inabweretsa pafupifupi madola 248 miliyoni pa dziko lonse. Eni nyumba za sinema anadandaula kuti anthu ena anali kucita cizungulire ndi kusanza cifukwa ca kugwedezeka kwa zithunzi.

MLANDU WA KU MILAN

Anyamata a ku Florida aja sanali oyamba. Zaka 19 m'mbuyo mwace, mu Febuluwale 1980, mumzinda wa Milan ku Italy munaonetsedwa filimu yochedwa Cannibal Holocaust, yopangidwa ndi Bambo Ruggero Deodato. Inajambulidwa m'nkhalango ya Amazon, kufupi ndi tauni ya Leticia m'dziko la Colombia. Nkhani yace njakuti mphunzitsi wamkuru wa ku New York apita kukafuna-funa atolankhani anai amene anasowa m'nkhalangomo. Apeza mafupa ao ndi zitini za filimu imene anajambula, ndipo atabwerera kwao ndi kuionera, azindikira kuti anaiwo ndiwo anaputa tsoka: anaocha mudzi, anagwirira akazi, napha anthu, zonsezi pofuna kupeza zithunzi zogulitsa.

Deodato ananena kuti nzeruyi inamudzera poona mmene atolankhani a ku Italy anali kuonetsera ziwawa za gulu la zigawenga la Red Brigades, mokhala ngati magazi ndi malonda. Filimu yace inali yodzudzula khalidwe limenelo. Koma patangopita masiku 10 boma linailanda, ndipo iye anazengedwa mlandu woonetsa zonyansa. Mu 1981 nyuzipepala ya zithunzi ya ku France yochedwa Photo inafalitsa ganizo lakuti imfa zina za m'filimuyo zinali zeni-zeni. Monga Deodato mwini wace anali kusimbira pambuyo pace, apa ndi pamene msampha wace unamukola yekha. Iye anali atapangana ndi ocita sewero ace kuti asaonekere kuli konse kwa caka cimodzi, kuti anthu akhulupirire kuti anafadi. Tsopano anayenera kuwafuna-funa mofulumira ndi kuwaonetsa poyera ali amoyo, kuti asayesedwe wambanda.

Anayeneranso kufotokoza cithunzi cimene cinaopsya anthu koposa zonse, ca mtsikana wolasidwa ndi mtengo wosongoka woturukira kukamwa. Cinsinsi cace cinali cacing'ono: mtsikanayo anakhala pa cishalo ca njinga comangidwa pamwamba pa citsulo cozikidwa pansi, naluma kamtengo kopepuka atayang'ana kumwamba.

Munthu sanaphedwe, koma nyama zinaphedwa ndithu. Zinali 7, ndipo pakati pa izo panali kamba wamkuru wa m'madzi amene anatumbulidwa kamera iri kujambula, apusi awiri, nkhumba ndi njoka. M'filimuyo munalowetsedwanso zithunzi zakale zeni-zeni za anthu oomberedwa ndi asilikali, zina za ku Nigeria. Iyi ndiyo inali njira yace yonyengera diso: munthu akaona imfa yeni-yeni ya kamba, sakayikanso imfa yopeka ya munthu imene itsatira. Khoti linamupeza wolakwa pa zonyansa ndi nkhanza, nimupatsa cilango ca miyezi 4, ngakhale sanakalowe m'ndende. Ciletso ca filimuyo ku Italy cinacotsedwa mu 1984, pamene ku Britain inakhala yoletsedwa kufikira 2001. Deodato, amene anamwalira mu Disembala 2022, anabvomera ali wamoyo kuti kupha nyamazo kunali kulakwa.

Pali colakwa cina cimene khoti silinazenge. Filimuyo inachula dzina la mtundu weni-weni wa anthu a ku Amazon, a Yanomami, niwaonetsa monga odya anthu anzao, zimene siziri zoona. Munthu amene anafuna kudzudzula alendo onamizira eni dziko anawanamizira iye mwini, ndipo popeza filimu yace inadzionetsa monga umboni, bodzalo linalemera kwambiri.

CITSEKO CISUNTHA COKHA

Blair Witch itapanga cuma cotere, ambiri anatsata. Wopambana onse anali Oren Peli, katswiri wa makompyuta wobadwira ku Israel, amene mu 2006 anajambula Paranormal Activity m'nyumba yace yomwe ku San Diego, kwa sabata imodzi, ndi madola 15,000. Iye anacita zosiyana ndi anzace: m'malo mothamanga ndi kamera, anaiimika m'cipinda cogona ca mnyamata ndi mtsikana amene amamva zacilendo usiku. Pangodya ya cithunzi pali koloko. Woonera amangoyang'ana anthu awiri ali m'tulo, nthawi nimapita, kufikira citseko cisuntha cokha pang'ono. Usiku wina mtsikanayo adzuka, naima pambali pa bedi nthawi yaitali ali kupenya mnzace osagwedezeka. Filimuyi itafalitsidwa ndi kampani ya Paramount mu 2009 inapeza madola oposa 190 miliyoni.

Ku Spain mu 2007 kunaturuka REC, ya mtolankhani wotsekeredwa pamodzi ndi ozimitsa moto m'nyumba yosanja ku Barcelona mmene mwabuka nthenda yolusitsa anthu. Mu 2008 makampani olemera a ku Hollywood anaononga madola 25 miliyoni popanga Cloverfield kuti ioneke ngati yojambulidwa ndi munthu wamba. Ndipo mu 2020, mliri wa COVID-19 utatsekera anthu m'nyumba, Rob Savage wa ku Britain anapanga Host, imene yonse imacitikira pa msonkhano wa pa kompyuta wa Zoom, ocita sewero ali yense ali kwao.

Ambiri mwa mafilimu otsanzira amene anadzaza msika zaka zimenezo anali acabe-cabe, pakuti kamera yochipa siipatsa munthu luso. Onse amapunthwa pa funso limodzi, limene ngakhale mwana angafunse: munthu wothamangitsidwa ndi cirombo, bwanji sataya kamera nathawa? Ocenjera amayankha mwa kuzimitsa magetsi onse, kuti nyali ya pa kamera ikhale muuni wokha umene wothawayo ali nao. Osacenjera amangoyembekeza kuti woonera sadzafunsa.

Pofika 2009 anthu ambiri sanali kukhulupiriranso kuti ocita sewero anafadi, komabe mantha sanathe. Cifukwa cace ncakuti maso a anthu anazolowera kuti cithunzi cogwedezeka, cosaoneka bwino, ca mau osamveka, ndico cimene cimajambulidwa pa ngozi yeni-yeni. Kuipa kwa cithunzi kunasanduka cizindikiro ca coonadi. Cizindikiro cimeneci ncosabvuta kupeka, ndipo tizithunzi tambiri todabwitsa timene anthu amatumizirana pa mafoni timadalira nzeru yomweyi, koma popanda dzina la wopanga kumapeto kwace.

AMENE ANALIPIRA

Kuti masewera otere angathe kubvulaza kunaoneka ku Britain usiku wa pa 31 Okutobala 1992, pamene wailesi ya kanema ya BBC inaonetsa Ghostwatch. Linali sewero lojambulidwa kale, koma linakonzedwa ngati pologalamu yocitika nthawi yomweyo, yofufuza mzukwa m'nyumba ina ya ku London. Otsogolera ace anali aulutsi odziwika ndi odalirika, monga Michael Parkinson ndi Sarah Greene, ndipo anagwiritsa nchito maina ao eni-eni. Dzina la mlembi, Stephen Volk, linaonetsedwa poyamba, koma ambiri anatsegula wailesi mocedwa. Anthu zikwi zambiri anaimba lamya ali ndi mantha kapena ukali. Patapita masiku 5 mnyamata wina wa zaka 18, amene anali ndi bvuto la kuphunzira, anadzipha, ndipo makolo ace anati pologalamuyo ndiyo inamusokoneza mutu. Mu 1995 bungwe loyang'anira za mawailesi linagamula kuti BBC inayenera kucenjeza anthu momveka bwino, ndipo kwa zaka zambiri zotsatira wailesiyo sinabwerezenso seweroli.

Ku Maryland, mudzi wa Burkittsville, wa anthu osakwana 200, unalibe mbiri iri yonse ya mfiti kufikira 1999. Caka cimeneco alendo anafika ambiri-mbiri kudzafuna mfiti imene kulibe, nayenda-yenda m'manda a eni mudzi, ndipo zikwangwani za dzina la mudziwo zinabedwa kangapo.

Atatu aja nao analipira. Popeza anthu anauzidwa kuti filimuyo njotoledwa, ambiri sanaone kuti panali luso la sewero, ngakhale kuti mau onse ndi zithunzi zonse zinacokera kwa iwo. Nthawi imene ocita sewero amayenda m'mawailesi ndi kudzipezera nchito zina, iwo anali atauzidwa kubisala. Iwo eni anasimba kuti filimuyo iri pakamwa pa dziko lonse, Michael Williams anali akali pa nchito yonyamula mipando ndi matebulo, ndipo galimoto lakale la Heather Donahue linamufera pamseu pansi pa cikwangwani cacikuru cokhala ndi nkhope yace. Ndalama zitapitirira madola 100 miliyoni, kampani inawatumizira dengu la zipatso.

Bvuto lalikuru linali la maina. Anabvomera kugwiritsa nchito maina ao obadwa nao kuti bodza likhwime, ndipo mainawo anasanduka a anthu a m'nkhani imene mwini wace ndi kampani. Pamene filimu yaciwiri inaturuka mu 2000 iri ndi maina ndi nkhope zao, atatuwo anakasuma ku khoti, ndipo mlanduwo unatha mu 2004 ndi cigwirizano ca madola pafupifupi 300,000 munthu ali yense. Mu Epulo 2024, kampani ya Lionsgate, imene inatenga katundu wa Artisan, italengeza kuti ifuna kupanga Blair Witch ina, atatuwo analemba kalata yapoyera yopempha gawo lao la phindu la zaka 25, ndiponso kuti azifunsidwa maina ao asanagwiritsidwenso nchito.  Heather Donahue anali atasiya kale nchito ya mafilimu, nasintha dzina lace kukhala Rei Hance.